MOWA WA PAMUDZI: TINACHOKERA KUTI?

Amangwetu, sabata yatha ndinali ku Mulanje Mission kukaona odwala. Pobwerera ndinapeza mayi wina akuyanika chimera, ndiye ndati tikumbutsane.

Kunja kwatchuka timabala tofulula mowa wawowawo, kumwera pomwepo. Ife zimenezo nzakale. Agogo ankafulula masese a chimanga ndi chimera cha mawere m'mbiya, anthu nkumwera chipanda chimodzi akaweruka ku dima. Wofulula umamudziwa, akalakwitsa mudzi wonse umadziwa.

Kachasu, dzina lake linachokera kwa Apwitikizi. Amishoni a ku Scotland atafika, mpingo unadana ndi uchidakwa, komabe amayi ambiri analipirira ana fizi ndi mbiya zomwezo.

Mu 1968 Carlsberg inatsegula fakitale ku Blantyre, yoyamba kunja kwa Denmark. Kenako anabwera masacheti otchipa, boma nkuwaletsa mu 2015 ataononga achinyamata.

Lero padoko tikumwa zam'timabotolo, wotcheza sitikumudziwa. Ine injini sindiithira mafuta okayikitsa. Nanga thupi lako, aise? Wina akalowa m'boti usiku atalewa, nyanja siimva kupepesa.

Tumizirani anzanu.