Mchinji: boda inapeza malonda ali kale m'njira

Sabata ino tiyeni tikambeko za Mchinji, tauni ya m'malire imene ife a geni kuno ku Msundwe timaitenga ngati khomo lolowera ku Zambia. Msewu wa M12 wochoka ku Lilongwe umadutsa pamsika pathu pompano, n'kupitirira ku Namitete, Kamwendo, Mchinji boma, mpaka pa boda ya Mwami. Kuseri kwake ndi Chipata. Funso n'lakuti, chinayamba n'chiti, boda kapena malonda?

Azungu asanabwere kunalibe mzere uliwonse pamenepa. Achewa a uku ndi uko anali anthu amodzi, ankakwatirana komanso kusinthana makasu, mchere ndi nsalu. Njira zomwezo zinkadutsanso minyanga ya njovu ndi akapolo opita nawo kugombe la nyanja yamchere, tisabise. Umodziwo ulipobe: Kalonga Gawa Undi amakhala ku Mkaika m'boma la Katete ku Zambia, ndipo mwezi wa Ogasiti Achewa a ku Malawi, Zambia ndi Mozambique amakakumana kumeneko pa mwambo wa Kulamba.

Mzere unabwera mu 1891. Kum'mawa kunakhala pansi pa boma la Britain, kumadzulo kunapatsidwa kwa kampani ya Cecil Rhodes, British South Africa Company. Malirewo anatsata zitunda zogawa madzi: oyenderera ku Luangwa mbali ina, oyenderera ku Bua ndi ku nyanja yathu mbali ina. Za mudzi wa amalume kuti wagwera kuti, palibe anafunsa. Kumayambiriro kwa 1898 asilikali a atsamunda anagonjetsa Angoni a Mpezeni, anapha mwana wake Nsingo n'kulanda ng'ombe zambirimbiri. Mbali yathu kunakhala linga la Fort Manning, dzina lochokera kwa msilikali William Manning yemwe pambuyo pake anadzakhala bwanamkubwa wa Nyasaland. Mbali inayo kunakhala Fort Jameson. Ndiye kuti matauni awiriwa anayamba ngati misasa ya asilikali, msika unachita kutsatira.

Nthawi ya chitaganya, kuyambira 1953 mpaka 1963, Nyasaland ndi Northern Rhodesia anali pansi pa boma limodzi ndipo ndalama inali imodzi. Mu 1964 maiko onse awiri analandira ufulu, Malawi pa 6 Julaye, Zambia pa 24 Okutobala. Kenako mayina achizungu aja anachoka, Fort Manning n'kukhala Mchinji, Fort Jameson n'kukhala Chipata. Apa m'pamene boda inakhala boda yeniyeni. Zambia inayamba kwacha yake mu 1968, ife yathu mu 1971. Makwacha awiri osiyana mphamvu: ntchito ya anyamata osintha ndalama amene amakuthamangirani mukangotsika minibasi inachokera pomwepo.

Njanji nayo ili ndi nkhani yake. Inafika ku Mchinji mu 1980 ndi thandizo la dziko la Canada, cholinga chili choti ilumikizane ndi Zambia. Koma kachigawo kakafupi kofika ku Chipata kanadzatsegulidwa mu 2010. Zaka 30, abale! M'katimo nkhondo ya ku Mozambique inatseka njanji za ku Beira ndi Nacala m'zaka za m'ma 1980, ndipo katundu wambiri wa dziko lino ankazungulira ku Zambia kudzera pa Mchinji. Tauni inkadzaza ndi malole chifukwa cha nkhondo ya kutali.

Umu ndi mmene matauni a m'malire amakhalira kulikonse. Ku mapiri a Himalaya m'dziko la India kuli tauni ya Kalimpong, imene inalemera ndi ubweya wa nkhosa wochokera ku Tibet, wonyamulidwa pa nyulu. India ndi China atamenyana mu 1962, njira za m'mapiri zinatsekedwa, malonda aja n'kufa. Njira ya Nathu La inadzatsegulidwanso mu 2006. Wogulitsa ubweya sanayambitse nkhondo, koma ndi iye anagona ndi njala. Ifenso tinaziona mu Novembala 2023 kwacha yathu itagwetsedwa ndi 44 peresenti. Mpamba womwe unkakwana kupikula zitenje ku Chipata unangosungunuka tili m'tulo.

Komabe si zonse zochokera kumwamba zimene zimatipweteka. Mu 2010 bungwe la COMESA linayambitsa pa boda imeneyi ndondomeko yofewetsa malonda a anthu a mpamba wochepa. Ngati katundu wanu ndi wopangidwa kapena wolimidwa m'maiko awiriwa, ali pa mndandanda wogwirizana, ndipo sakupitirira mtengo umene unaikidwa, mumadutsa ndi fomu yachidule osalipira msonkho wolowetsera katundu, ngakhale misonkho ina monga VAT imakhalapobe. Mu Disembala 2022 a Lazarus Chakwera ndi a Hakainde Hichilema anatsegula boda yatsopano imene maofesi a maiko onse awiri amagwirira ntchito pamodzi, kuti munthu asamaime kawiri.

Chondipweteka n'chakuti amayi anzanga ambiri sazidziwa zimenezi. Amalipira wa kabaza kuti awadutsitse njira zachidule m'tchire usiku, komwe ena amalandidwa katundu, ena kuchitidwa zachipongwe, pofuna kuzemba msonkho umene mwina sakanalipira n'komwe. Timayenda ngati akuba pa njira imene agogo athu ankayenda masana dzuwa likuswa mtengo.

Mbiri ya Mchinji ikutiuza kuti malinga, mayina, ndalama ndi malamulo zakhala zikusintha, koma wonyamula mtedza, soya ndi zitenje sanasiye kuyenda. Tauniyi imapuma ndi ife. Choncho tizifunsa malamulo pa boda poyera, ndipo amene wadziwa auze mnzake. Nanga inu a ku Songwe, Dedza, Mwanza ndi Muloza, boda yanu inayamba bwanji? Tiuzeniko, tiphunzire.