Za Maiko Amene Anakana Kulowa M'misasa Iwiri

Pamene nkhondo yaikuru yaciwiri inatha m'caka ca 1945, anthu anayesa kuti tsopano dziko lapansi lidzapuma. Koma sikunatero ai. Maiko awiri amene anathandizana kugonjetsa Germany, ndiwo America ndi Russia, anayamba kupenyana ndi diso loipa. Anasiyana pa nkhani ya cuma: a ku America anati munthu akhale ndi munda wace ndi malonda ace, koma a ku Russia anati minda ndi nchito zonse zikhale m'manja mwa boma. Ndipo yense anamanga msasa wace, naitana anzace. America ndi maiko ena 11 anacita pangano la nkhondo lochedwa NATO m'1949, ndipo Russia ndi maiko ena 7 anacita lao ku Warsaw m'1955. Onse awiri anali nalo bomba loopsa lija lakutha mzinda wonse nthawi imodzi, cifukwa cace anaopa kugwirana okha, nalimbana pa kukopa maiko ang'ono.

Tsono, owerenga anga, dziko laling'ono likadacita ciani pakati pa ziphona zotere? Ena anati lisankhe msasa umodzi. Mkuru woyang'anira nkhani za maiko akunja ku America, John Foster Dulles, ananena m'1956 kuti kukhala pakati ndiko kulakwa ndi kusaona patali. Ngakhale makolo athu anati mapanga awiri abvumbwitsa. Koma panauka atsogoleri ena amene anayankha kuti iwo sathamangira phanga liri lonse, angofuna kufolera nyumba yao. Tiyeni tione umo anayendera.

Woyamba kulawa mtengo wa mau amenewa ndiye Josip Broz Tito wa ku Yugoslavia, dziko la ku Ulaya. Iyeyu anatsata ciphunzitso comweco ca a ku Russia, koma anakana kulamulidwa ndi Stalin. Cifukwa ca ici anamcotsa m'gulu lao m'June 1948, natseka malonda onse ndi dziko lace. M'1950 kunagwa cilala, ndipo anthu ace anaona njala. America anatumiza cakudya, Tito nalandira, koma m'pangano la NATO sanalowemo. Potero anaonetsa kuti munthu akhoza kulandira thandizo osagulitsa mudzi wace.

Ku Asia nakonso kunali maiko amene anali atangolandira ufulu wakudzilamulira. India anaulandira m'1947, ndipo mtsogoleri wace Jawaharlal Nehru anati sanacotse goli limodzi kuti asenze lina. M'April 1955 Sukarno wa ku Indonesia anaitana msonkhano m'mzinda wa Bandung, ndipo anafika a maiko 29. A ku Afrika anali asanu ndi limodzi: Egypt, Ethiopia, Liberia, Libya, Sudan ndi Gold Coast, limene pambuyo pace linachedwa Ghana. Si onse anali a mtima umodzi, pakuti Turkey ndi Pakistan anali kale m'mapangano ndi a ku Ulaya kapena America. Koma cinali cacilendo kuona anthu akuda ndi a ku Asia alikuweruza okha nkhani za dziko lapansi popanda Mzungu pampando.

Mmodzi wa iwo amene anakhala pa msonkhanowo ndiye Gamal Abdel Nasser wa ku Egypt, ndipo ciyeso cace sicinacedwe. Iye anafuna kumanga damu lalikuru pa mtsinje wa Nile, pa malo ochedwa Aswan, kuti anthu ace athirire minda caka conse. America ndi Britain analonjeza ndalama. Koma popeza Nasser anagula zida ku Czechoslovakia, dziko la msasa wa Russia, iwo anabweza lonjezo lao m'July 1956. Patapita sabata limodzi Nasser analanda ngalande ya Suez, mopita zombo, kuti msonkho wace umange damulo. Britain, France ndi Israel anamthira nkhondo, koma America ndi Russia onse awiri anawakakamiza kubwerera. Potsiriza Russia ndiye anakongoza ndalama ndi kutumiza amisiri, ndipo damu linatha m'1970. Koma pamodzi ndi ndalama ndi zida panadza alangizi a nkhondo zikwi zambiri, kotero kuti Anwar Sadat, amene analowa m'malo mwa Nasser, anacita kuwapitikitsa m'1972. Taonani umo ngongole ilowetsera mlendo kufikira kucipinda.

Tito, Nehru ndi Nasser, pamodzi ndi Sukarno ndi Kwame Nkrumah wa ku Ghana, anaona kuti mutu umodzi susenza denga. M'September 1961 atsogoleri a maiko 25 anakomana ku Belgrade, nakhazikitsa bungwe la maiko osalowa mbali. Masiku amenewo mantha anali akuru, pakuti mwezi wapitawo linga logawa mzinda wa Berlin pakati linali litayamba kumangidwa. Lamulo lao lalikuru linali lakuti dziko la m'bungwemo lisalowe m'mapangano a nkhondo a misasa iwiri ija. Sanati akhale cete ai. Anatsutsa kolimba utsamunda ndi kucurukitsa kwa zida.

Koma pangano lolembedwa silichinga cipolopolo. M'October 1962 China anathira nkhondo India m'mapiri a Himalaya, ndipo asilikari a India anagonja. Nehru yemweyo analembera Kennedy wa ku America kupempha zida ndi ndege. Ndipo m'1971 mwana wace wamkazi, Indira Gandhi, poona nkhondo yina irinkudza, anacita pangano la ubwenzi ndi Russia. Anthu ambiri anati India wapendekera, ngakhale eni ace anakana.

Nkhani yimeneyi inafikanso kwathu kuno. Zambia analandira ufulu m'1964, ali dziko lopanda doko, ndipo mkuwa wace unali kuturukira njanji ya ku Rhodesia. Pamene Ian Smith anapandukira Britain pa 11 November 1965, Kenneth Kaunda anaona kuti khosi la dziko lace liri m'dzanja la mdani. Iye ndi Julius Nyerere wa ku Tanzania anapempha a ku Ulaya ndi America njanji yatsopano, koma anawakaniza, nati siidzabweza ndalama. China, amene nthawiyo anali atayambana ndi Russia, anabvomera ndi ngongole yopanda ciongola dzanja. Njanjiyo, ya makilomita 1,860 kucokera ku Dar es Salaam kufika ku Kapiri Mposhi, inamangidwa kuyambira 1970 kufikira 1975. Nthawi yomweyo ndalama za America zinathandiza kumanga mseu wa tara wa njira yomweyo, ndipo Kaunda analandira zonse ziwiri. M'September 1970 bungwe lija linasonkhana ku Lusaka, m'nyumba ya Mulungushi imene anaimanga amisiri a ku Yugoslavia.

M'1991 boma la Soviet Union, limene Russia anali mutu wace, linapasuka, ndipo msasa umodzi unagwa. Yugoslavia nayenso, wolemedwa ndi ngongole ndi kusamvana kwa mitundu, anagawanika ndi nkhondo yowawa. Bungwe la maiko osalowa mbali likalipo, ndipo linasonkhana ku Kampala m'January 2024.

Nanga tiziti bwanji, kodi anthu aja anabvumbwa? Ena anabvumbwadi. Koma tikapenyetsa tiona kuti sanabvumbwe cifukwa ca kukana mapanga a eni. Anabvumbwa pomwe denga lao linali lodontha. Nasser anasowa ndalama, Nehru anasowa zida, Kaunda anasowa njira ya kunyanja, ndipo pa ciboo ciri conse mlendo wamphamvu anapeza polowera. Amene anapulumuka bwino ndiwo amene anapempha kwa anthu osiyanasiyana, osamangirira moyo wao wonse pa khomo limodzi. Inu nomwe mudziwa kuti mkuru wa pamudzi akhoza kukana kulowa mlandu wa mafumu awiri pokhapo nkhokwe yace iri yodzala. Akayamba kupempha ufa kwa mmodzi wa iwo, tsiku la bwalo adzaitanidwa kukhala mboni yace, ndipo kukana kudzambvuta.