Nkhondo ya ku Mozambique: moto unachokera kunja, udzu unali utauma kale

Amene anayendapo pa msewu wa M1 pakati pa Dedza ndi Ntcheu amadziwa kuti pali malo pamene msewu womwewo ndiwo malire: dzanja ili Malawi, dzanja ilo Mozambique. Kumapeto kwa zaka za m'ma 1980 kusiyana kwa mbali ziwirizi kunkaonekera pa windo la basi. Kuno kunali misasa yaudzu yothithikana ya anthu othawa nkhondo. Uko kunali masitolo opanda madenga, makoma obooka ndi zipolopolo, minda itasanduka tchire. Pofika 1992 Malawi inkasunga anthu a ku Mozambique pafupifupi 1 miliyoni, ndipo ku Nsanje alendo anachuluka kuposa eni nthaka. Amene anathawa ku Angónia ankalankhula Chichewa chomwechi, ena anafikira kwa atsibweni awo.

Nkhondo imene inawathamangitsa inatha zaka zoposa 15 ndipo inapha anthu pafupifupi 1 miliyoni, ambiri ndi njala ndi matenda. Mizu yake ili m'nthawi ya Apwitikizi, amene kwa nthawi yaitali sanalamulire dzikolo ngati chinthu chimodzi. Manica ndi Sofala anazibwereketsa kwa kampani, Companhia de Moçambique, yomwe inkatolera msonkho kuchokera ku Beira mpaka 1942. Kumpoto alimi ankalimitsidwa thonje mokakamiza, ndipo ntchito ya chibalo inathawitsa anthu ambiri, kuphatikizapo Alhomwe amene anadzakhazikika ku Mulanje ndi ku Thyolo. Kummwera amuna ankapita ku migodi ya ku Joni kudzera kwa Wenela n'kumabwerako ndi ndalama, ndipo likulu la dziko linali komweko, ku Lourenço Marques. Njanji zikuluzikulu zinkachoka kugombe n'kulunjika kumtunda kukatumikira maiko oyandikana nawo. Panalibe imene inalumikiza kumpoto ndi kummwera.

Frelimo itabadwa ku Dar es Salaam mu 1962, inatengera mng'alu umenewu. Atsogoleri ake, Eduardo Mondlane, Samora Machel ndi Joaquim Chissano, onse anali a ku Gaza, kummwera. Wachiwiri kwa Mondlane anali m'busa Uria Simango, Mndau wa ku Sofala. Mondlane ataphedwa ndi bomba la m'phasulo mu 1969, Simango anathamangitsidwa m'chipani, ndipo dziko litalandira ufulu anaphedwa osaonekera m'khoti. Anthu a m'chigawo chapakati sanaiwale.

Ufulu unabwera pa 25 June 1975, Apwitikizi ambiri n'kunyamuka, kusiya masitolo ndi mafakitale opanda owayendetsa. Mu 1976 Machel anatseka malire ndi Rhodesia, doko la Beira n'kuuma. South Africa nayo inachepetsa ndi oposa theka anthu amene inkawalemba ku migodi. M'kati mwa mavutowa boma linasankha njira ya Marx. Linachotsa mafumu ponena kuti anali zidole za atsamunda, linanyoza asing'anga ndi zinamwali, ndalama zaulimi linazithira m'minda ikuluikulu ya boma, ndipo anthu linawasonkhanitsa m'midzi yogawana zonse. Christian Geffray, Mfalansa amene anafufuza nkhaniyi ku Eráti m'chigawo cha Nampula, anaonetsa mmene zinkapwetekera. Mudzi watsopano unkamangidwa pa nthaka ya banja limodzi. Eni malowo ankasanduka mabwana, pamene osamutsidwawo ankasiya manda a makolo ndi mitengo yawo ya kashu, n'kumayenda mtunda kuti akafike kumunda. Mlimi akagulitsa chimanga, m'sitolo munalibe mchere, sopo kapena nsalu zoti agule.

Machesi anabwera ndi anthu akunja. Bungwe la ukazitape la Rhodesia, lotsogozedwa ndi Ken Flower, ndilo linaumba gulu la zigawenga la Renamo pofuna kulanga Machel chifukwa chosunga asilikali a Robert Mugabe. Mtsogoleri woyamba, André Matsangaissa, anaphedwa ku Gorongosa mu 1979, koma dzina lake linatsala: zigawengazo anthu ankangoti amatsanga. Afonso Dhlakama anatenga mpando, ndipo Zimbabwe italandira ufulu mu 1980 South Africa inatenga udindo wopereka mfuti. Pangano la Nkomati la mu 1984, la pakati pa Mozambique ndi South Africa, silinaletse zimenezi.

Ena amati iyi inali nkhondo ya mitundu, poti akuluakulu ambiri a asilikali a Renamo anali Andau ndipo Chindau chinkamveka kwambiri m'misasa yawo. Mawuwa ngoona theka chabe. Asilikali wamba ambiri anachita kugwidwa, ena ali ana, ndipo anali Asena, Amakua, Alhomwe ngakhale Ashangani. Ku Eráti omenyanawo anali Amakua okhaokha: amene anapindula ndi midzi ya boma anatsalira kwa Frelimo, amene analandidwa ufumu anatsata Renamo. Atafika m'madera a Renamo anapeza gandira, lamulo lokakamiza anthu kulimira asilikali ndi kuwasenzera katundu, ndipo akazi ankagwiriridwa. Masukulu ndi zipatala zinkaotchedwa chifukwa zinali nkhope ya boma. Ku Homoíne, mu July 1987, anthu oposa 400 anaphedwa tsiku limodzi.

Malawi inapsa nawo. Njanji za ku Beira ndi ku Nacala zitaduka, katundu ankazungulira njira zazitali zodula. Mu September 1986 Machel, Kaunda ndi Mugabe anabwera ku Blantyre kudzadzudzula Kamuzu kuti akulekerera Renamo kudutsa m'dziko lake. Patangotha mwezi Machel anafa pa ngozi ya ndege ku Mbuzini, ndipo chaka chotsatira asilikali a Malawi anatumizidwa kukalondera njanji ya Nacala.

Mtendere unayambira kutchalitchi. Akibishopu Jaime Gonçalves wa ku Beira, yemwenso anali Mndau, anathandiza kufikitsa mbali ziwirizi ku Rome mu July 1990, m'nyumba ya gulu lachikatolika la Sant'Egidio. Anakambirana zaka ziwiri, tsankho ku South Africa likutha, Soviet Union ikugwa, ndipo chilala cha 1992 chinasiya onse opanda chodyetsa asilikali. Chissano, amene analowa m'malo mwa Machel, ndi Dhlakama anasaina pangano la mtendere pa 4 October 1992.

Chimene sichitchulidwa kawirikawiri n'chakuti mtenderewu unagulidwanso ndi ndalama. Aldo Ajello, amene ankatsogolera ntchito ya United Nations kumeneko, anaonetsetsa kuti pakhale thumba la mamiliyoni a madola losandutsira Renamo chipani chandale. Asilikali oposa 90,000 amene anatula zida ankalandira malipiro kwa zaka ziwiri, nthawi yokwanira kulima, kukolola ndi kukwatira. Komiti yofufuza zoona kunalibe, onse anakhululukidwa. Kumidzi wobwerera kunkhondo ankasambitsidwa ndi mankhwala kwa sing'anga asanalowe m'nyumba. Kuyambira 1995 Bishopu Dinis Sengulane ndi bungwe la mipingo ankasinthanitsa mfuti ndi makasu, njinga ndi makina osokera.

Pa chisankho cha 1994 Frelimo inapeza mipando 129, Renamo 112. Koma mapu a mavoti anafanana ndi mapu akale aja: Renamo inapambana ku Sofala, Manica, Tete, Zambézia ndi Nampula, pamene abwanamkubwa a zigawo zonsezo ankasankhidwabe ku Maputo. Malasha a ku Moatize atayamba kutuluka, mabanja anasamutsidwira ku Cateme, kutali ndi misika, ndipo funso la amene akudya linadzukanso. Mfuti zinaliranso mu 2013. Pofika 2016 anthu zikwizikwi a ku Tete anali atawolokera ku Kapise m'boma la Mwanza, kenako anasamutsidwira ku Luwani, msasa womwe unasungapo makolo awo. Filipe Nyusi, yemwe anali pulezidenti panthawiyo, ndi Ossufo Momade, amene analowa m'malo mwa Dhlakama, anasaina pangano lina mu August 2019, lomwe linadza pamodzi ndi kusankha abwanamkubwa kudzera m'mavoti, ndipo msasa womaliza wa Renamo unatsekedwa mu June 2023.

Panthawiyo nkhondo ina inali itabuka kale. Mu October 2017 anyamata okhala ndi zida anaukira polisi ku Mocímboa da Praia, ku Cabo Delgado, chigawo chosauka chomwe chili ndi gasi m'nyanja ndi miyala ya rubi ku Montepuez. Ambiri mwa oyambitsawo anali Amwani ndi Amakua a m'mphepete mwa nyanja, Asilamu amene amaona kuti mapenshoni ndi mabizinesi zinapita kwa Amakonde a kumtunda, mtundu wa Nyusi. Ataukira Palma mu March 2021, kampani ya Total inaimitsa ntchito yake ya gasi, ndipo mu July chaka chomwecho asilikali a Rwanda anatera kumeneko.