Corvette: sitima yoperekeza anzake

Mawu akuti corvette ndi a Chifalansa. Kalekale ankanena sitima yaing'ono yankhondo yoyenda ndi matanga, koma m'kupita kwa nthawi anazilala. Anadzukanso mu 1939, pamene Britain inkafuna sitima zotchipa, zomangidwa msanga, zoti ziziperekeza sitima za katundu pa nyanja ya Atlantic ndi kuziteteza ku sitima za Germany zoyenda pansi pa madzi. Choncho m'mbiri ya Nkhondo Yachiwiri ya Padziko Lonse, corvette ndi mperekezi.

Zodziwika kwambiri zinali za mtundu wa Flower, zotalika mamita pafupifupi 62, zomangidwa potengera maboti osakira anamgumi, ndipo zinkapatsidwa mayina a maluwa. Zinkagwedezeka koopsa ndi mafunde, moti amalinyero ankangokhala onyowa ndi odwala.

Britain inabwereketsa zambiri kwa maiko ogwirizana nayo. Ine imandikhudza ndi Aconit, yomangidwa ku Troon m'dziko la Scotland, yomwe mu 1941 inaperekedwa kwa Afalansa a General de Gaulle, anthu omwe kwawo kunali m'manja mwa adani. Pa 11 Marichi 1943, poperekeza gulu la sitima la HX 228, inamiza U-444, sitima ya Germany yoyenda pansi pa madzi, yomwe sitima ya Britain ya HMS Harvester inali itaigunda kale. Patangopita maola ochepa inzake ya U-432 inamiza Harvester, ndipo Aconit inabwerera, inamizanso U-432, n'kuvuula opulumuka, adani omwe. Kasitima kakang'ono chotero kumiza ziwiri tsiku limodzi!

Aconit inabwezedwa ku Britain mu 1947, ndipo pambuyo pake inagulitsidwa kwa osaka anamgumi.