Kanema

Padoko la Kachulu, m'mbali mwa nyanja ya Chilwa, msodzi akati "ndikukaonera kanema" amanena kachisakasa kaja kolipira pakhomo, kokhala pamabenchi. Mawu oti kanema adachokera ku cinema ya Azungu, koma ife tidawatambasula: filimu ndi kanema, TV ndi wailesi ya kanema, kavidiyo ka pafoni nakonso ndi kanema.

Palinso kanema wopanda sewero, wojambula moyo weniweni wa oimba. Gerhard Kubik adajambula oimba Daniel ndi Donald Kachamba mu 1967. Mu 2019 kudatuluka kanema wotchedwa Lazarus, wonena za Lazarus Chigwandali, woimba wachialubino yemwe ankasangalatsa anthu m'misewu ya Lilongwe. Wotereyu amandikomera kuposa kanema wa nkhonya, poti woimbayo umamuona asanatchuke.