Njanji ndi Nkhalango: Mbiri ya Mulobezi ndi Mchinji

Boma la Mchinji, limene kale linkatchedwa Fort Manning, lili kuzambwe kwa dziko la Malaŵi, m'malire ndi maiko a Zambia ndi Mozambique. Bomali limatchuka ndi ulimi wa fodya, mtedza ndi chimanga. Komatu lilinso ndi zinthu zina ziwiri zimene mbiri yake njofunika kuidziwa: nkhalango ya m'mapiri a Mchinji, ndi njanji yochokera ku Salima imene imadutsa m'bomali kulowera ku Chipata. M'maiko ambiri njanji ndi nkhalango zakhala zikuyendera limodzi ngati khasu ndi mpini. Tsono kuti za ku Mchinji zimveke bwino, nkoyenera kuyamba ndi zimene zidachitika kutsidya kwa malire, kumene njanji idamangidwa ndi cholinga chimodzi chokha, chokatuta mitengo.

Njanji zakale zinkadya mitengo m'njira ziwiri. Poyamba, pansi pa zitsulo pankayalidwa mitengo yopingasa yogwiriziza zitsulozo, ndipo pa kilomita imodzi yokha pankalowa mitengo yotere yoposa 1,000. Kachiwiri, sitima zambiri zoyendera nthunzi zinkasonkhezeredwa nkhuni kumene malasha ankasowa. Vuto lalikulu m'maiko otentha lidali chiswe, chimene sichichedwa kufumbutsa mtengo wofewa. Motero eni njanji ankasakasaka mtengo wolimba, wosafumbwa ndiponso wosaola msanga. Mtengo woterewu adaupeza m'nkhalango za mchenga za kumpoto kwa mtsinje wa Zambezi. Dzina lake ndi mukusi.

Njanji yochokera kumwera idawoloka Zambezi pa mlatho wa Victoria Falls m'chaka cha 1905, ndipo m'chaka cha 1916 kudakhazikitsidwa kampani ya Zambezi Sawmills ku Livingstone. Masiku oyambirira ntchito idali yakalavulagaga. Zigogo zinkakokedwa ndi ng'ombe mpaka kumtsinje, nkuzikweza m'mabwato aakulu, ndipo zikafika kufupi ndi tauni zinkanyamulidwa pa ngolo zoyenda pa njanji ya mitengo. Sipadapite zaka zambiri, mukusi wa m'mbali mwa mtsinje udatha. M'malo mobwerera m'mbuyo, kampaniyo idaganiza zoulondola mtengowo kumene udatsala. M'zaka za m'ma 1920 idayamba kuyala njanji yachitsulo yolowera ku Mulobezi, mtunda wa makilomita oposa 160 kuchokera ku Livingstone, ndipo pambuyo pake idaipitiriza mpaka ku Kataba. Zina mwa zitsulo zake zidali zakalekale, zozulidwa pa njanji zoyambirira za ku Cape.

Kayendetsedwe ka njanji yodulira mitengo kadali kosiyana ndi ka njanji zina. Njanji wamba imalumikiza mizinda, ndipo ikamangidwa imakhala pomwepo. Koma iyi inkatulutsa nthambi zolowa m'nkhalango. Mitengo yonse yokhwima ikatha m'dera limodzi, antchito ankazula zitsulo nkukaziyala m'dera lina kumene nkhwangwa idali isadafike. Ku Mulobezi kudamangidwa makina aakulu ochekera, ndipo malo amene adali thengo adasanduka tauni ya antchito. Matabwa ake adagwiriziza njanji za m'maiko a Rhodesia ndi South Africa, adalowa m'migodi, ndipo ena adayalidwa pansi m'nyumba za anthu olemera.

Chimene eni kampani sadachilabadire nchakuti mukusi umakula pang'onopang'ono kwambiri. Mtengo umene munthu angaugwetse m'mawa umodzi umafuna zaka zoposa moyo wa munthuyo kuti ukhwime. Pamalo podulidwa pankamera zitsamba zowirira, moto wolusa nkumapsereza timitengo tongophuka kumene. Mitengo itachepa, phindu lidachepanso, ndipo m'zaka za m'ma 1970 njanjiyo idalowa m'manja mwa Zambia Railways. Malo amene kampaniyo inkasungirako sitima zake ku Livingstone adasandutsidwa nyumba yosungiramo zinthu zakale za njanji. Njanji imene idadalira nkhalango idafooka pamodzi ndi nkhalangoyo.

Ku Mchinji zinthu zidayenda mwina. Pa nthawi ya atsamunda njanji idali kutali ndi Fort Manning. Idafika ku Blantyre m'chaka cha 1908, ndipo idafika ku Salima m'chaka cha 1935, chaka chomwenso mlatho wa Dona Ana udatsegulidwa pa Zambezi. Kaamba ka kutalika kwa mtunda, palibe kampani imene idayala njanji yokatuta mitengo m'mapiri a Mchinji. Matabwa ankachekedwa ndi manja. Amisiri ankakumba dzenje, nkugoneka chigogo cha mlombwa kapena mbawa pamwamba pake, wina nkuima pamwamba, mnzake m'dzenjemo, akukokerana sowo tsiku lathunthu utuchi ukugwera wapansiyo. Matabwa ankasenzedwa pamutu kapena kukwezedwa pa ngolo. Ntchito yotere inkapha mitengo yowerengeka chabe. M'chaka cha 1924 boma la atsamunda lidaika nkhalango ya Mchinji m'gulu la nkhalango zotetezedwa, makamaka pofuna kusamala mapiri amene timitsinje take timathira mu Bua.

Njanji idafika ku Mchinji dziko litalandira kale ufulu. Ndi thandizo la dziko la Canada, boma la Dr H. Kamuzu Banda lidamanga njanji yochokera ku Salima, imene idafika ku Lilongwe m'chaka cha 1979 ndi ku Mchinji m'chaka cha 1980. Cholinga chake sichidali matabwa ayi, koma kututa fodya, mtedza, chimanga ndi feteleza, ndiponso kupatsa chigawo cha kuvuma kwa Zambia njira yachidule yopitira kunyanja yamchere. Mwatsoka, nkhondo ya ku Mozambique idatseka njanji za ku Beira ndi Nacala m'zaka za m'ma 1980, ndipo katundu wambiri adayamba kuyenda pa malole, ena mwa iwo kudzera pa chipata cha Mchinji chomwecho. Kachigawo kotsala ka makilomita 27 kolumikiza Mchinji ndi Chipata kadayambidwa m'chaka cha 1982, koma kadatsegulidwa m'chaka cha 2010.

Nanga ngati sitima siidatute nkhalango za ku Mchinji, chidazimaliza nchiyani? Yankho lalikulu ndi fodya. M'zaka za m'ma 1970 maesiteti adachuluka m'maboma a Mchinji ndi Kasungu. Potsegula minda, mitengo ya mombo ndi tsamba inkagwetsedwa nkuzulidwa ndi zitsa zomwe. Fodya wowotcha m'mabalani amafuna nkhuni zoyaka usana ndi usiku kwa pafupifupi sabata yathunthu kuti balani imodzi ipse, pamene fodya wa bale amafuna mapaso ndi mafoloko omangira zigafa, amenenso chiswe chimawadya nkufunika ena. Pamwamba pa izi padaonjezereka kuwotcha njerwa, kuwotcha makala ogulitsa ku Lilongwe, ndi kuchuluka kwa anthu ofuna minda. Boma lidayambitsa tsiku lobzala mitengo m'chaka cha 1976, koma bulugama wobzalidwa sadafanane ndi mitengo yachilengedwe imene idapita.

M'zaka za m'ma 2010 nkhani ya mukusi idabwereranso ndi mtengo wina, wotchedwa mukula. Mtengowu, umene ndi mbale wake wa mlombwa, udafunidwa kwambiri ku China popangira mipando yamtengo wapatali. Odula sadafunenso njanji. Makina ochekera a m'manja ndi malole zidakwanira kulowa kulikonse kumene mtengowo udamera. Boma la Zambia lidaletsa malondawa kangapo, koma zigogo zidapitirira kutuluka mozemba kudzera m'malire a maiko oyandikana nalo. M'chaka cha 2019, pa msonkhano wa pangano la CITES ku Geneva, dziko la Malaŵi ndilo lidapempha kuti mukula uikidwe m'gulu la mitengo yosagulitsidwa kunja popanda chilolezo, ndipo maiko adavomereza.

Akuluakulu adati chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe. Mbiri ya Mulobezi ikuonetsa kuti kumene njira yotutira mitengo yafewa, nkhalango imatha msanga ngati palibe woletsa. Mbiri ya Mchinji ikuonjeza kuti nkhalango ingathenso popanda sitima, pang'onopang'ono, ndi nkhwangwa za anthu ofuna kupeza chakudya cha ana awo. Lamulo la nkhalango la m'chaka cha 1997 lidapatsa midzi mphamvu zosamala nkhalango zawo, koma lamulo palokha silithirira mbande ndipo silizimitsa moto wolusa. Zitsulo za njanji zikachita dzimbiri zimagulidwa zina, koma mlombwa umene wagwa lero udzachekedwanso ndi zidzukulu pokhapokha ngati wina ausiyira mphukira.