Shemu Joyah, Mmisiri wa Kanema

Kumaiko olemera kanema mmodzi amapangidwa ndi anthu ambirimbiri, yense ndi nchito yace. Shemu Joyah wa ku Blantyre analibe khamu lotere. Nchito imene anaphunzira ndiyo yoyeza malo, ndipo za kanema anadziphunzitsa yekha. Iye mwini analemba nthano, nafunafuna ndalama, nasankha ocita sewero, natsogolera ojambula. Katundu wa anthu anai anamsenza munthu mmodzi.

Kanema wace woyamba, Seasons of a Life, anasimba za mtsikana wa nchito amene bwana wace anampatsa pathupi. Mwanayo anakulira kwa bwana. Koma mtsikanayo anaphunzira malamulo, nabwera kudzalimbira mwana wace m'bwalo la milandu. M'caka ca 2009 kanemayu analandira mphotho ku Zanzibar.

M'caka ca 2012 Joyah anaturutsa The Last Fishing Boat, nthano ya msodzi wa ku nyanja. Mu 2017 anaturutsanso The Road to Sunrise, yosimba za akazi awiri osauka a m'makomboni a Blantyre, moyo umene anthu a ku Chilomoni audziwa bwino. Mu 2018 ameneyu ndiye anakhala kanema woyamba wa Malawi kutumizidwa ku mpikisano wa Oscar ku America.